Shah wa ku Iran, Mohammad Reza Pahlavi: mafunso amene anthu amafunsa kawirikawiri ndi mayankho ake

Nkhani za ku Iran zikangotentha dzina la Shah limatulukanso, ena akumutamanda kuti anali mfumu ya chitukuko, ena akumunena kuti anali wankhanza woikidwa ndi azungu, ndipo mafunso amakhala omwewomwewo. Ndawaika pamodzi apa, kuyambira osavuta kupita kwa ozama.

Kodi Shah ameneyu anali ndani?

Dzina lake lonse ndi Mohammad Reza Pahlavi, mfumu yomaliza ya Iran. Anabadwira ku Tehran pa 26 Okutobala 1919, analamulira kuyambira 1941 mpaka 1979 pamene anthu ake omwe anamuthamangitsa, ndipo anamwalira ku Cairo mu 1980. Anakwatira katatu: Fawzia mchemwali wa Mfumu Farouk ya ku Egypt, kenako Soraya amene anamusiya mu 1958 chifukwa sanabereke, kenako Farah Diba mu 1959 amene anamubalira Reza mu 1960.

Persia ndi Iran ndi dziko limodzi?

Eya ndi limodzi. Azungu ankati Persia, eni ake ankati Iran, ndipo mu 1935 bambo ake a Shah anapempha mayiko onse kuti azinena Iran. Komanso aku Iran ambiri si Aluya ayi, chilankhulo chawo chachikulu ndi Chifarsi ndipo Chisilamu chawo ndi cha Shia.

Analowa bwanji ufumu ali mnyamata wa zaka 21 basi?

Banja la Pahlavi silinali lachifumu kuyambira kale. Bambo ake, Reza Khan, anali msilikali amene anakwera maudindo, analanda boma mu 1921 ndipo mu 1925 anachotsa mafumu a Qajar nkudzipanga mfumu, Reza Shah (mawu oti Shah amatanthauza mfumu). Anali munthu wolamulira ndi dzanja lachitsulo, anamanga njanji yodutsa dziko lonse, anatsegula yunivesite ya Tehran, komanso mu 1936 analetsa amayi kuvala mpango wophimba kumutu mpaka apolisi kumawavula pamsewu. Mwana wake anamutumiza kusukulu ya Le Rosey ku Switzerland.

Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itayamba, Britain ndi Soviet Union ankafuna mafuta a Iran komanso njanji ija kuti azidutsitsa zida, ndiye mu Ogasiti 1941 anangolowa ndi asilikali awo nkumukakamiza Reza Shah kutula pansi udindo. Anamutengera ku Mauritius kenako ku Johannesburg komwe anamwalira mu 1944. Mnyamata uja analumbira pa mpando asilikali achilendo ali mumzinda mwake, ataona ndi maso momwe bambo ake, munthu amene dziko lonse linkamuopa, anachotsedwera m'masabata ochepa chabe. Mantha amenewo sanamuchoke moyo wake onse, ankangokhulupirira kuti London ndi Washington akafuna atha kumuchotsa tsiku lililonse.

Nanga za 1953 zimene aliyense amatchula zija zinayenda bwanji?

Apa ndi pamene pali mutu wa nkhani yonse ndiye ndikhalitsapo pang'ono.

Mafuta a Iran ankakumbidwa ndi kampani ya ku Britain, Anglo-Iranian Oil Company, yomwe lero ndi BP. Boma la Britain linali ndi masheya oposa theka mu kampaniyo ndipo ndalama zomwe linkapeza pa misonkho yokha zinkaposa zimene Iran inkalandira pa mafuta ake omwe. Ku Abadan komwe kunali fakitale yoyenga mafuta yaikulu kwambiri padziko lonse nthawi imeneyo, azungu ankakhala m'nyumba zabwino za kapinga ndi makalabu awoawo pomwe antchito ambiri achi Iran ankagona m'zisakasa zopanda madzi ndi magetsi. Mu 1950 Saudi Arabia inagwirizana ndi kampani ya Amereka zogawana phindu pakati ndi pakati, aku Iran nkumafunsa kuti nanga ifeyo bwanji.

Mu 1951 nyumba ya malamulo inavota kuti mafuta akhale a dziko, ndipo Mohammad Mossadegh, mkulu wachikulire wodziwa malamulo amene ankatsogolera nkhaniyi, anakhala nduna yaikulu. Britain inatseka njira zonse kuti mafuta a Iran asagulidwe kwina kulikonse, chuma chinayamba kuuma, anzake ena a Mossadegh monga mkulu wa chipembedzo Ayatollah Kashani anamutembenukira. Nayenso Mossadegh sanali wopanda banga, anathetsa nyumba ya malamulo kudzera mu riferendamu yomwe ovomera ndi okana ankavotera malo osiyana, aliyense akuona. Komabe anali mtsogoleri wobwera kudzera m'malamulo, ndipo chimene ankanena ndi chakuti mfumu ikhale mfumu koma isayendetse boma.

Britain inanyengerera boma la Amereka la Pulezidenti Eisenhower kuti Iran ikupita kwa makomyunisiti. CIA ndi MI6, mabungwe a akazitape a Amereka ndi Britain, anakonza chiwembu, munthu wawo ku Tehran anali Kermit Roosevelt, ndipo Shah atazengereza kwa masabata anasaina kalata yochotsa Mossadegh. Ulendo woyamba zinalephereka, Colonel Nassiri amene anapititsa kalatayo usiku anamangidwa, Shah anakwera ndege ndi Soraya kuthawira ku Baghdad kenako ku Rome. Patangopita masiku ochepa, pa 19 Ogasiti 1953, magulu a anthu mumsewu, ena olipidwa ena obwera okha, pamodzi ndi akasinja a asilikali anagwetsa boma ndipo General Fazlollah Zahedi anatenga udindo. Shah anabwerera. Mossadegh anakhala m'ndende zaka 3 kenako anatsekeredwa pakhomo pake ku Ahmadabad mpaka imfa yake mu 1967, nduna yake yoona za kunja Hossein Fatemi inawomberedwa. CIA inadzavomera poyera mu 2013 kuti inachita nawo zimenezi.

Kuyambira tsiku limenelo chilichonse chimene Shah ankamanga, olo chikhale chabwino bwanji, panali anthu ankachiyang'ana nkumati uyu ndi uja anabwera pa ndalama za alendo.

Ndiye tinene kuti anali chidole cha Amereka?

Poyamba ankawadalira kwambiri, zimenezo nzosakanika. Koma pofika m'ma 1970 nkhani inali itasintha. Iye ndi amene ankalimbikira kwambiri mu OPEC, bungwe la mayiko ogulitsa mafuta, kuti mtengo wa mafuta ukwere, zomwe zinawapweteka azungu omwewo. Fakitale ya zitsulo ya ku Isfahan anamanga ndi a Soviet Union. Mu 1971 analanda zilumba za Abu Musa ndi Tunb, anatumiza asilikali ku Oman kukathandiza Sultan Qaboos kugonjetsa zigawenga za ku Dhofar, ndipo mu 1975 ku Algiers anamufinya Saddam Hussein wa ku Iraq mpaka kuvomera malire a pamtsinje wa Shatt al-Arab momwe Iran inkafunira. Chidole sichichita zimenezo. Vuto nlakuti kwa munthu wamba wa ku Tehran zomwe ankaona ndi Aamereka oposa 40,000 ali m'dzikomo, akulandira malipiro okwera, akukweza lendi ya nyumba, ndipo chilonda cha 1953 chinali chisanapole.

Palibe chabwino chimene anachita?

Chilipo, ndipo ndi chambiri, amene amakana zimenezi sakunena zoona. Mu Januwale 1963 anayambitsa ndondomeko imene anaitcha White Revolution. Malo a eni minda akuluakulu, ena amene anali ndi midzi yathunthu yambirimbiri, anagulidwa ndi boma nkugawidwa kwa alimi, mabanja oposa 1 miliyoni analandira. Amayi anapatsidwa ufulu wovota. Anyamata omaliza sekondale m'malo mokhala ku kampu ya asilikali ankatumizidwa kumidzi atavala yunifolomu kukaphunzitsa ana kuwerenga, ena kukathandiza za umoyo, ndipo midzi yambiri inaona mphunzitsi koyamba nthawi imeneyo.

Lamulo loteteza banja la 1967, lomwe linawonjezeredwa mu 1975, linapangitsa kuti mwamuna asamangosudzula mkazi pakamwa popanda khoti, mitala inavuta, ndipo zaka zokwatiwira mtsikana zinafika 18. Farrokhroo Parsa anakhala nduna ya maphunziro mu 1968, mayi woyamba kukhala nduna. Shirin Ebadi amene anadzalandira mphoto ya Nobel anali jaji nthawi ya Shah. Mafakitale anamangidwa, madamu, mayunivesite, galimoto ya Paykan inayamba kupangidwa mu 1967, ndipo kwa zaka zoposa 10 chuma cha Iran chinali m'gulu la chuma chokula mwachangu kwambiri padziko.

Ngakhale zinali choncho pamene ankagwa anthu oposa theka anali asanathe kuwerenga ndipo midzi yambiri inalibe magetsi.

Ngati alimi anapatsidwa malo, anadana naye chifukwa chiyani?

Ambiri analandira kamunda kosakwana kudyetsa banja, popanda ngongole ya mbewu kapena ng'ombe zolimira, zinthu zomwe kale mwini munda uja ngakhale ankawadyera masuku pamutu ankapereka. Aganyu amene analibe ufulu wolima pamalo ena ake sanalandire kalikonse. Ngalande zapansi pa nthaka zobweretsa madzi kuchokera kumapiri, zomwe zimafuna kukonzedwa chaka ndi chaka, zambiri zinagwa chifukwa panalibenso woziyang'anira. Boma linkaitanitsa tirigu wotchipa kunja, mlimi nkumalephera kugulitsa wake. Ndiye anthu anayamba ulendo wa kutauni. Tehran inali ndi anthu pafupifupi 1.5 miliyoni mu 1956, pofika 1976 anali 4.5 miliyoni, ndipo obwera kumenewa ankadzaza kumwera kwa mzinda, kumanga zisakasa, kugwira ganyu ya zomangamanga, akuona kumpoto kwa mzinda womwewo anthu akukhala ngati ali ku Paris. Amene ankawalandira, kuwathandiza pa maliro ndi pa matenda, unali mzikiti.

Khomeini anatulukira kuti?

Khomeini, amene anadzatenga ulamuliro Shah atagwa, anali mphunzitsi wa chipembedzo mumzinda wa Qom. Anatchuka mu Juni 1963 atamudzudzula Shah poyera, anamangidwa, anthu anachita zipolowe ndipo asilikali anapha ambiri. Mu 1964 nyumba ya malamulo inavomereza lamulo loti asilikali a Amereka ndi mabanja awo asamazengedwe milandu m'makhoti a Iran, nthawi yomweyo Amereka ikupereka ngongole ya madola 200 miliyoni yogulira zida. Khomeini analalikira kuti munthu wa ku Iran akagunda galu wa Mmereka azengedwa mlandu, koma wophika wa Mmereka akagunda Shah weniweniyo palibe angamukhudze. Mawu amenewo anawafika pamtima anthu ngakhale osapemphera. Anamuthamangitsira ku Turkey, kenako anakhala ku Najaf m'dziko la Iraq zaka 13, maulaliki ake akulowa mu Iran pa makaseti obisidwa m'zikwama za anthu obwera kokapemphera.

Tinenenso kuti Khomeini ankatsutsa zoti amayi azivota komanso ankadana ndi a chipembedzo cha Baha'i. Ambiri amene anamutsata mu 1978 sanawerenge zimene analemba zakuti akuluakulu a chipembedzo ndiwo ayenera kulamulira dziko.

SAVAK inali chiyani? Inali yoopsa momwe amanenera?

Inali nthambi ya akazitape ndi apolisi achinsinsi, inakhazikitsidwa mu 1957 mothandizidwa ndi CIA, kenako ndi a ku Israel. Kwa zaka zambiri mkulu wake anali Nassiri uja wa kalata ya 1953. Inali yoopsadi. Mu 1971 zigawenga zachinyamata zitaukira polisi ya ku Siahkal, kuzunza akaidi kunafika poipa: kukwapula kuphazi ndi mawaya a magetsi, kuwotcha, kuzula zikhadabo. Mu Epulo 1975 akaidi 9, mmodzi mwa iwo Bijan Jazani, anatulutsidwa m'ndende ya Evin nkuwomberedwa kumapiri apafupi, boma nkulengeza kuti amafuna kuthawa. Amnesty International inkaitchula Iran pakati pa mayiko oipitsitsa pa ufulu wa anthu.

Koma chimene SAVAK inaononga kwambiri ndi kukhulupirirana. Mphunzitsi m'kalasi, wophunzira ku hositelo, olo mwana wasukulu wa ku Iran amene ali ku London kapena ku Berlin, aliyense ankaganiza kuti mnzake wapafupi ndi kazitape. Buku loletsedwa likapezeka m'chikwama inali ndende.

Pa ziwerengero pamakhala kukokomeza. Malamulo oyendetsera dziko a boma la Chisilamu lomwe linabwera Shah atagwa amanena za ofera oposa 60,000, koma wofufuza Emadeddin Baghi atafufuza m'mabuku a bungwe la boma lomwelo loona za ofera anapeza anthu 3,164 pakati pa 1963 ndi 1979. Nambala ndi yocheperako inde, koma ndi anthu 3,164 amene anali ndi makolo ndi ana.

Za phwando la ku Persepolis, ndi zoona kuti chakudya chinachokera ku Paris?

Zoona. Mu Okutobala 1971 Shah anakonza chikondwerero cha zaka 2,500 za ufumu wa Persia, kuwerengera kuyambira kwa Koresi, yemwe uja wa m'Baibulo amene anamasula Ayuda ku Babulo. Pafupi ndi mabwinja a Persepolis, pakati pa chipululu, anamanga mudzi wa matenti okhala ndi zoziziritsira mpweya ndi mabafa, opangidwa ndi kampani ya ku France. Chakudya ndi operekera zakudya anachokera ku lesitilanti ya Maxim's ya ku Paris, vinyo wa ku France, mitengo yobwera pa ndege. Anabwera Haile Selassie, Tito, Ceaușescu, Prince Philip, wachiwiri kwa pulezidenti wa Amereka Spiro Agnew ndi ena ambiri. Shah anaima pa manda a Koresi ku Pasargadae nkumuuza kuti agone mumtendere poti ife tili maso.

Anthu wamba a ku Iran sanaitanidwe, malo onse anazunguliridwa ndi asilikali ndipo okayikiridwa anamangidwiratu phwando lisanayambe. Ndalama zomwe zinapita anthu amatsutsana mpaka lero, boma linkati madola pafupifupi 17 miliyoni, otsutsa ankatchula zoposa pamenepo kutalitali. Kwa ine cholakwika chachikulu si ndalamazo, koma kuti mfumu ya dziko la Asilamu inakondwerera mbiri ya dzikolo ngati kuti zaka 1,300 za Chisilamu sizinachitike, komanso mwini mbiriyo, munthu wa ku Iran, ali kunja kwa mpanda. Mu 1976 anapitiriza posintha kalendala, anthu anagona mu chaka cha 1354 cha Chisilamu nkudzuka mu 2535 cha ufumu. Anadzaibweza mu 1978 zinthu zitavuta kale.

Ndalama za mafuta zija zinapita kuti?

Mtengo wa mafuta utakwera kanayi kumapeto kwa 1973, ndalama zolowa m'boma zinachoka pa madola pafupifupi 5 biliyoni kufika pafupifupi 20 biliyoni pachaka. Akatswiri a mapulani anachenjeza kuti dziko silingathe kumeza ndalama zonsezo nthawi imodzi, Shah sanamve, anachulukitsa bajeti ya chitukuko kawiri nkumalonjeza kuti Iran ikhala m'gulu la mayiko 5 otsogola padziko. Zambiri zinapita ku zida, popeza Pulezidenti Nixon wa Amereka atabwera mu 1972 anamulola kugula chida chilichonse kupatula cha nyukiliya, ndipo anagula ndege za F-14 zomwe Amereka sinagulitsepo dziko lina lililonse. Pulogalamu ya nyukiliya imene ikuvutitsa lero ija inayamba ndi iyeyu, siteshoni ya ku Bushehr inayamba kumangidwa ndi kampani ya ku Germany mu 1975.

Zotsatira zake sitima zodzaza katundu zinkadikira miyezi padoko la Khorramshahr, katundu wina kuwola, malole osowa madalaivala, simenti kusowa, lendi kukwera modabwitsa, magetsi kumazimazima mu 1977. Katangale wa abale a mfumu ndi anthu apafupi nawo, makamaka kudzera mu Pahlavi Foundation, inali nkhani ya pakamwa pa aliyense. Mitengo itakwera boma linaloza chala amalonda a mu bazaar, msika waukulu wakale uja, nkutumiza achinyamata kukayendera mitengo m'mashopu, amalonda masauzande analipitsidwa, ena kumangidwa. Amalonda amenewa ndi amene ankapereka ndalama kumizikiti kuyambira kale, ndiye mutha kuona komwe ndalama zawo zinapita mu 1978.

Kunalibe zipani zotsutsa kapena anthu omulangiza?

Ili ndi funso limene ndimaona kuti limafotokoza kugwa kwake kuposa ena onse. Pambuyo pa 1953 chipani cha makomyunisiti cha Tudeh chinaphwanyidwa, National Front ya Mossadegh inatsekedwa pakamwa, nyuzipepala zinkalemba zouzidwa. Panatsala zipani ziwiri zopangidwa ndi boma zomwe anthu ankazitcha chipani cha "inde" ndi chipani cha "inde bwana". Mu Malichi 1975 anathetsa zonse nkupanga chimodzi, Rastakhiz, ndipo ananena poyera kuti wosafuna kulowa ndiye kuti malo ake ndi kundende kapena atenge pasipoti azipita. Munthu amene anangokhala chete osalowerera ndale nayenso anakakamizidwa kusankha mbali.

M'boma momwemo nduna zamphamvu zokhala ndi maganizo awoawo, monga Ali Amini ndi Hassan Arsanjani amene anayambitsa zogawa malo, anazichotsa zikangoyamba kutchuka. Amir-Abbas Hoveyda anakhala nduna yaikulu kuyambira 1965 mpaka 1977 chifukwa ankadziwa kusatsutsa. Akuluakulu a asilikali sankaloledwa kukumana okha, aliyense ankapereka lipoti kwa mfumu payekha. Akulu amati wakutsina khutu ndi mnansi, koma Shah anachotsa onse otsina khutu, ndipo mmodzi amene ankayesako, Asadollah Alam, anamwalira ndi khansa mu Epulo 1978 nthawi yomwe ankafunika kwambiri.

Malo okhawo amene SAVAK sikanatha kutseka anali mizikiti, masauzande ambiri m'dziko lonse, yokhala ndi ndalama zake ndi alaliki ake. Ndiye mkwiyo utaphulika panalibenso wandale wapakatikati wokhala ndi anthu kumbuyo kwake amene mfumu ikanakambirana naye. Anali atawamaliza yekha.

Nanga chaka cha 1978 chinayenda bwanji mpaka kugwa?

Usiku wa pa 31 Disembala 1977 pulezidenti wa Amereka Jimmy Carter ali ku Tehran anatcha Iran chilumba cha bata pakati pa chigawo chosokonekera. Patangotha sabata nyuzipepala ya Ettela'at inasindikiza nkhani yonyoza Khomeini, ophunzira za chipembedzo ku Qom anachita zionetsero, apolisi anawombera. Mwa mwambo wa Shia anthu amakumananso patatha masiku 40 kukumbukira womwalira, ndiye mu Febuluwale mwambo wa ofera ku Qom unasanduka chipolowe ku Tabriz, kunafanso anthu, patatha masiku 40 mizinda ina, choncho choncho maliro aliwonse akubala maliro ena.

Pa 19 Ogasiti nyumba ya kanema ya Cinema Rex ku Abadan inatenthedwa zitseko zili zotseka, anthu pafupifupi 400 anapsa. Umboni unadzaonetsa kuti anayatsa ndi anthu a mbali ya otsutsa achipembedzo, koma nthawi imeneyo aliyense anakhulupirira kuti ndi SAVAK, chifukwa boma linali litafika poti palibe chimene likananena anthu nkukhulupirira. Pa 8 Seputembala asilikali anawombera gulu pa bwalo la Jaleh ku Tehran, mphekesera inati afa masauzande, Baghi uja anadzapeza 88 mumzinda wonse tsiku limenelo, koma mlatho pakati pa mfumu ndi anthu unagwa tsiku lomwelo.

Mu Okutobala Iraq inamutulutsa Khomeini mopemphedwa ndi Iran, ndipo kunali kulakwitsa kwakukulu chifukwa anakafikira ku Neauphle-le-Château pafupi ndi Paris komwe kunali matelefoni abwino ndi atolankhani a dziko lonse, BBC ya Chifarsi ikuulutsa mawu ake madzulo aliwonse. Chimene chinathyola msana wa boma ndi sitalaka: ogwira ntchito ku mafuta, kubanki, kukasitomu, kumagetsi onse ananyanyala. Pa 6 Novembala Shah analankhula pa TV kuti wamva mawu a kuukira kwawo. Mu Disembala pa masiku opatulika a Shia a Tasua ndi Ashura anthu oposa 1 miliyoni anayenda mu Tehran. Anasankha Shapour Bakhtiar, wotsatira Mossadegh amene iye mwini anamumangapo, kukhala nduna yaikulu, koma kunali kutada. Pa 16 Januwale 1979 pabwalo la ndege la Mehrabad, msilikali wina atagwada kufuna kumupsompsona mapazi, Shah anamudzutsa misozi ili m'maso nkukwera ndege. Khomeini anafika pa 1 Febuluwale, ndipo pa 11 Febuluwale asilikali analengeza kuti salowerera.

Anali ndi asilikali 400,000, bwanji sanathetse zionetserozo?

Zifukwa zilipo zingapo. Asilikali wamba ambiri anali ana a kumidzi olowa mokakamizidwa, opemphera, ndipo pofika Disembala ambiri ankathawa m'makampu. Akuluakulu awo, monga tanena pa funso la zipani lija, sanazolowere kuganiza popanda mfumu. Amereka inkatumiza mauthenga osemphana, Brzezinski, mlangizi wa Carter pa za chitetezo, akuti limbani, kazembe William Sullivan ndi ena akuti nthawi yatha.

Komanso munthuyo ankadwala. Madokotala a ku France anamupeza ndi khansa ya m'magazi mu 1974 ndipo anabisa, ngakhale Farah anadzauzidwa patapita zaka. Mu 1978 anali wofooka, tsiku lina kulamula asilikali mumsewu, mawa kumasula akaidi ndi kupepesa, zomwe zinkakwiyitsa anthu osawaopseza. Akazembe ena a nkhondo ankamupempha chilolezo choti aphe anthu ambirimbiri kuti zithe, iye anakana, ankati mfumu singasunge mpando pa magazi a anthu ake. Pa zonse zimene ndingamudzudzule, pamenepa ndimamupatsa ulemu.

Atathawa anapita kuti?

Anayamba ku Aswan kwa pulezidenti wa Egypt Anwar Sadat, kenako Morocco, Bahamas, Mexico, malo ambiri akumuuza mwaulemu kuti asakhalitse. Mayiko amene ankadya naye dzulodzulo, Britain yomwe, anamukana. Mu Okutobala 1979 Carter anamulola kulowa New York kukalandira chithandizo, ndipo ku Tehran anthu anakumbukira 1953, kuti nthawi ijanso anathawa nkubwezedwa ndi Amereka. Pa 4 Novembala ophunzira analanda ofesi ya kazembe wa Amereka ndipo anthu 52 anasungidwa masiku 444. Ubale wa mayiko awiriwa sunabwererenso. Shah anapititsidwa ku Texas, kenako ku chilumba cha Contadora ku Panama, mpaka Sadat anamuitananso mu Malichi 1980. Anamwalira pa 27 Julayi 1980, anaikidwa mu mzikiti wa Al-Rifa'i ku Cairo, Sadat ndi Nixon ali pamaliro.

Nanga anthu ake amene anatsala?

Apa pali chinthu chimene chimandipweteka. Mu Novembala 1978 pofuna kuziziritsa anthu Shah analola kuti Hoveyda ndi Nassiri amangidwe, ndipo pochoka anawasiya m'manja momwemo. Nassiri anawomberedwa mu Febuluwale 1979, Hoveyda mu Epulo pambuyo pa mlandu wachiphamaso pamaso pa jaji wa boma latsopano Sadegh Khalkhali. Farrokhroo Parsa anaphedwa mu 1980. Bakhtiar anathawira ku France komwe anaphedwa m'nyumba mwake mu 1991.

Pali kulumikizana kulikonse ndi kuno kummwera kwa Africa?

Kulipo. Kupatula bambo ake kufera ku Johannesburg, Iran ya Shah ndi imene inkagulitsa mafuta ambiri ku boma la tsankho la South Africa pamene mayiko a Aluya anali atakana, ndipo kampani ya mafuta ya boma la Iran inali ndi gawo mu fakitale ya Natref ku Sasolburg. Boma latsopano litalowa mu 1979 linadula mafutawo ndi ubale womwe, nchifukwa chake ANC ndi Iran akhala ogwirizana mpaka pano.

Bwanji ena ku Iran akumufunanso? Ndiye kuti anali bwino kuposa boma lapano?

Amene anayenda mumsewu mu 1978 sanali a Khomeini okha, munali makomyunisiti, ophunzira, maloya, amayi osavala mpango, ndipo ambiri a iwo anadzaona zoopsa kuposa za SAVAK. Lamulo loteteza banja linathetsedwa, Shirin Ebadi anachotsedwa pa ujaji, amayi anachita zionetsero pa 8 Malichi 1979 kukana mpango wokakamiza koma sizinaphule kanthu. Ndende ya Evin sinatsekedwe, inadzaza kuposa kale, ndipo mu 1988 mokha akaidi a ndale masauzande ananyongedwa m'miyezi yochepa. Onjezani nkhondo ya zaka 8 ndi Iraq, zilango za chuma, ndalama ya rial kugwa. Pa kupha anthu ake boma la Chisilamu laposa la Shah kutali, zimenezo zilibe mkangano.

Anthu ambiri a ku Iran lero anabadwa Shah atapita kale, amamudziwa kudzera pa zithunzi ndi mafilimu akale a pa TV za kunja ndi pa Instagram, atsikana a ku yunivesite atavala masiketi, pasipoti yolemekezeka, ndege za Iran Air zikutera ku New York. Zithunzizo si zabodza koma ndi za kumpoto kwa Tehran, zisakasa za kumwera zija simuziona. Kuyambira 2017 m'zionetsero mwamveka anthu akudalitsa mzimu wa Reza Shah, komanso mu 2022 pambuyo pa imfa ya Mahsa Amini, mtsikana amene anafera m'manja mwa apolisi atamangidwa pa nkhani ya mpango, munamveka ena akukuwa kuti wopondereza afe, kaya ndi Shah kaya ndi Mtsogoleri Wamkulu wa boma la Chisilamu. Mawu onse awiri ndi a anthu a ku Iran. Ine ndimaona kuti kuipa kwa amene anabwera pambuyo sikumuyeretsa Shah, chifukwa ndi iye amene anasiya dziko lopanda chipani, lopanda nyuzipepala yodziimira, lopanda khoti lolimba zomwe zikanamuletsa Khomeini kutenga zonse.

Mwana wake angadzakhale mfumu?

Reza Pahlavi anachoka ku Iran mu 1978 ali ndi zaka 17 kukaphunzira kuyendetsa ndege za nkhondo ku Texas, ndipo wakhala ku Amereka zaka zambiri. Amanena kuti chimene akufuna ndi boma losalamulidwa ndi chipembedzo, ndipo anthu adzasankhe okha pa riferendamu ngati akufuna ufumu kapena ayi. Pakati pa otsutsa boma ndiye dzina lodziwika kwambiri ndipo ali ndi omutsatira kunja ndi mkati momwe. Koma Akurdi ambiri, a mitundu ina yaing'ono, ndi mabanja amene abale awo anazunzidwa ndi SAVAK samukhulupirira, mgwirizano wa otsutsa umene analowamo mu 2023 unasweka patangopita miyezi yochepa, ndipo ulendo wake wa ku Israel chaka chomwecho unasangalatsa ena nkukwiyitsa ena. Funso limene amafunsidwa kulikonse ndi lomwe lija linavutitsa bambo ake, loti akadzabwera adzabwera ndi mphamvu ya anthu a ku Iran kapena ya mayiko akunja.